Zikomo a ku laibulale, mabuku a Gilman aja andithandiza

Kwa abwana ndi nonse ogwira ntchito ku laibulale yathu ya pa boma,

Ndati ndilembe pompano kuti ena aone nawo. Ine ndimaphunzitsa History ku sekondale, ndiye teremu yatha tili pa mutu wa Hitler mtsikana wina wa Fomu 4 anandifunsa kuti sala, zinatheka bwanji anthu kudana ndi Ayuda oti ankakhala nawo limodzi, kugula mushopu imodzi? Ndinayankha za m'manotsi zomwe zija koma pansi pamtima ndinadziwa kuti mwana sanakhutire.

Nditabwera kwanuko amayi a pa kauntala aja sanangondilozera shelefu ayi, anakalowa okha ku stolo n'kutulukako ndi mabuku awiri a Sander Gilman, pulofesa wa ku America, fumbi lili mbuu mpaka anachita kupukuta ndi chitenje chawo. Mayi, Mulungu akudalitseni.

Limene landigwira mtima ndi The Jew's Body, la 1991. Mkuluyu akuonetsa kuti chidani chija sichinayambe ndi mfuti, chinakolezedwa ndi madokotala ophunzira bwinobwino amene ankalemba kuti Myuda ali ndi phazi lophwatalala ndiye sangakhale msilikali, mphuno yake njosiyana, ngakhale kayankhulidwe. Bodza lokhalokha koma poti ankanena ndi adokotala anthu anangolimeza, moti mu 1916, pa nkhondo yoyamba ya padziko lonse, gulu lankhondo la Germany linachita kuwerenga asilikali ake achiyuda ati kuona ngati sakuzemba kunkhondo, chonsecho pafupifupi 12,000 anafera komweko. Ndipo ku Berlin kunali dokotala Jacques Joseph, naye Myuda, amene ankachita opaleshoni yochepetsa anthu mphuno kuti asamalozedwe zala mumsewu, pamenepa ndinatseka kaye buku.

Linalo, Difference and Pathology la 1985, muli nkhani ya Sarah Baartman, mayi wa ku South Africa amene ankamuonetsa ngati nyama ku London mu 1810. Chizungu cha bukuli ncholimba, sindinama, dikishonale inali pambali.

Nkhani ya phazi ija nditaifotokoza m'kalasi munali zii, kenako mtsikana uja anati ndiye ngati zimene anthu amanenera anzathu achialubinozi eti? Belu linalira tikadakambirana.

Pempho langa ndi limodzi, mabukuwa musawabwezerenso ku stolo chonde. Ndibweretsa Lachisanu, ndipo mukandiwonjezere masiku pa buku lachiwirilo poti sindinamalize.

Ine wanu,
Mphunzitsi wa History