Usathamangire kutola fupa

Mnzanga wokondedwa,

Ndikhulupirira uli bwino kumeneko. Kalata yako yafika, ndipo ndakondwa kumva kuti akutenga m'gulu lokafufuza mafupa a anthu akale. Wafunsa kuti akatswiri akamati chigaza ichi chili ndi zaka 2 miliyoni amakhala atadziwa bwanji. Kawirikawiri sayeza fupalo ayi. Amayeza dothi, phulusa ndi miyala imene fupalo lagonamo. N'chifukwa chake munthu watsopano akatola dzino n'kuthamanga nalo kukaonetsa anzake amakhala wawononga theka la zimene dzinolo likanatiuza.

Ukaona kanthu kooneka ngati dzino kapena chidutswa cha nsagwada, usakakhudze. Zika kambendera pambali, usiye kupondaponda, uitane wotsogolera. Chithunzi chijambulidwe pali chopimira cha masentimita ndi muvi woloza kumpoto. GPS ya m'manja imatha kuphonya ndi mamita angapo, choncho pa chinthu chofunika amagwiritsa ntchito makina a total station, amene amalozera malo mosaphonya ngakhale sentimita imodzi. Kenako pali funso limene limadya nthawi yambiri: kodi fupalo lili pamalo pomwe linakwiririka, kapena mvula inalikokolola kuchokera kumtunda? Yang'anitsitsa dothi limene lamatirira m'timing'alu ta fupalo. Ngati ndi mchenga wofiirira pamene iwe waima pa dongo lotuwa, fupalo ndi mlendo pamenepo, ndipo mudzakwera m'ngalande mokwawa mpaka mutapeza muyalo wa mchenga wofiirirawo.

Dothi lonse lozungulira malowo limasesedwa n'kusefedwa, poyamba pa sefa ya mabowo a mamilimita 5, kenako ya mabowo aang'ono kwambiri. Ndi ntchito yotopetsa, yafumbi, koma usaipeputse. Nsagwada ya munthu wakale yotchedwa UR 501, imene gulu la Friedemann Schrenk ndi Timothy Bromage linapeza ku Uraha m'boma la Karonga mu 1991, inali yothyoka pawiri, ndipo kachidutswa ka dzino lake kanapezeka chaka chotsatira posefa dothi.

Fupa lofumbutuka amalilimbitsa ndi guluu wa Paraloid B-72 wosungunulidwa mu mankhwala a acetone, magalamu pafupifupi 5 pa mamililita 100, n'kumadontheza pang'onopang'ono. Lidikire liume kaye. Pa fupa lachinyezi mankhwalawa salowa mkati, amangoyera pamwamba ngati ufa. Ndipo siya mbali ina yosapaka, chifukwa amene adzayeze fupalo ku labotale safuna guluu m'zoyeza zawo. Nambala ulembe ndi pensulo pa kapepala kolowa m'thumba, ulembenso kunja kwa thumba. Inki imafufutika ndi dzuwa m'masabata ochepa.

Tsopano za zaka. Anthu ambiri amangodziwa carbon-14, koma njira imeneyi sifika patali. Theka la carbon-14 limatha pa zaka 5,730 zilizonse, moti zikapita zaka pafupifupi 50,000 yotsalayo imachepa kwambiri mosayezeka. Pa mafupa a zaka mamiliyoni, chuma chathu ndi phulusa la mapiri ophulika. M'phulusamo muli timiyala tonyezimira ta feldspar tokhala ndi potassium-40, imene imasanduka mpweya wa argon pang'onopang'ono kwambiri. Theka la potassium-40 limatha pa zaka 1.25 biliyoni. Phiri likamaphulika, kutentha kumathamangitsa argon yense amene analimo, ndipo kamwala kakazizira kamayambanso kusunga argon watsopano. Ukayeza argon amene waunjikana, wadziwa zaka zimene zapita chiphulikireni phirilo. Masiku ano amagwiritsa ntchito njira ya argon-argon, n'kumatentha kamwala kamodzikamodzi ndi laser. Fupa likapezeka pakati pa miyalo iwiri ya phulusa, zaka zake zili pakati pa zaka za miyalo iwiriyo. Umu ndi mmene tinadziwira kuti munthu wakale wotchedwa Lucy, amene mafupa ake Donald Johanson anapeza ku Hadar ku Ethiopia mu 1974, ali ndi zaka pafupifupi 3.2 miliyoni. Mapazi a ku Laetoli ku Tanzania, amene gulu la Mary Leakey linafukula mu 1978, ndiye anadindidwa m'phulusa lenilenilo, la zaka pafupifupi 3.66 miliyoni.

Koma phulusa limanamanso, ndipo nkhani ya muyalo wa phulusa wotchedwa KBS Tuff ku Koobi Fora, kum'mawa kwa nyanja ya Turkana ku Kenya, uyenera kuidziwa usananyamuke. Phulusa loyamba limene anatumiza ku England mu 1969 linaonetsa zaka zoposa 200 miliyoni, zinthu zosatheka, chifukwa mtsinje umene unalikokolola unalisakaniza ndi timiyala takalekale ta m'mapiri ena. Atatumiza lina, zinatuluka zaka 2.6 miliyoni, ndipo anthu anakhulupirira. Mu 1972 Bernard Ngeneo, wa m'gulu la Richard Leakey, anapeza chigaza cha KNM-ER 1470 pansi pa muyalo umenewu, ndiye chinalengezedwa kuti chili ndi zaka pafupifupi 2.9 miliyoni. Amene anatsutsa ndi Basil Cooke, katswiri wa mafupa a nkhumba zakale. Iye anaona kuti nkhumba za pansi pa KBS zikufanana ndi za ku chigwa cha Omo ku Ethiopia za zaka pafupifupi 2 miliyoni. Mkangano unatenga zaka pafupifupi 10, ndipo nkhumba zinapambana: phulusalo lili ndi zaka pafupifupi 1.9 miliyoni. Choncho ukamatenga phulusa, kumba kudutsa lovunda la pamwamba, pewa pamene pali mizu, ndipo ulembe ngati muyalowo ukuoneka kuti unagwa kuchokera m'mwamba kapena unayalidwa ndi madzi. Kuyeza kamwala kamodzikamodzi kunabwera makamaka kuti timiyala tachilendo tizionekera n'kuchotsedwa.

Za nkhumbazi ndimazikonda kwambiri. M'mitundu ingapo ya nkhumba za mu Africa, dzino lotafunira lomaliza linkanka litalika ndi kukwera msinkhu mibadwo ikamapita, pamene nyamazo zinkazolowera kudya udzu wolimba. Munthu wodziwa akagwira dzino lotere amatha kunena nyengo yake ali chiimire m'ngalande. Miyalo ya Chiwondo, kumene kunachokera UR 501, ilibe phulusa labwino loyezera, ndipo zaka zake zapakati pa 2.3 ndi 2.5 miliyoni zinapezeka poyerekeza nkhumba ndi nyama zina ndi za kumalo amene anayezedwa kale ku Ethiopia ndi ku Kenya. Ndiye dzino la nkhumba, la mvuu kapena la nyama yanyanga ulisamale ngati la munthu.

Mwina adzakupatsanso ntchito yodula timabuloko ta dongo toyezera maginito a dziko. Maginito a dziko amatembenuka nthawi ndi nthawi, ndipo kutembenuka kwakukulu komaliza kunachitika zaka pafupifupi 780,000 zapitazo. Dongo likamakhazikika pansi pa madzi limasunga mbali imene maginito ankaloza, ndipo poyerekeza ndi nthawi zodziwika za kutembenukako amadziwa zaka za muyalowo. Kabuloko ukalembe muvi wa kumpoto ndi mbali ya pamwamba kadakali m'khoma. Ukakachotsa kaye n'kumakumbukira pambuyo pake, kataye.

M'mapanga a ku South Africa nkhani ndi yovuta, chifukwa mulibe phulusa ndipo dothi limagumuka n'kusakanikirana. Chigaza cha mwana wa ku Taung, chimene Raymond Dart analandira mu 1924, chinachokera mu mgodi wa laimu wophulitsidwa ndi zida zophwanyira miyala, ndipo zaka zake mpaka lero n'zongoyerekeza. Homo naledi, mtundu wina wa anthu akale wa m'phanga la Rising Star, analengezedwa mu 2015 wopanda zaka, ndipo ambiri poona ubongo wake waung'ono anaganiza za zaka 2 miliyoni. Mu 2017, atayeza uranium m'miyala yoyalidwa ndi madzi odontha komanso kuyeza mano enieniwo m'malabotale osiyana, zinatuluka zaka zapakati pa 236,000 ndi 335,000. Maonekedwe a fupa la munthu paokha sanena zaka.

Utenge mapensulo okwanira, kabuku kosanyowa, galasi lokulitsira zinthu ka 10, burashi yofewa ndi timitengo tansungwi tokumbira pafupi ndi fupa, chifukwa chitsulo chimasiya mikwingwirima yofanana ndi ya mipeni ya miyala ya anthu akale. Ukafika undilembere, undiuze mtundu wa miyalo ya kumeneko ndiponso ngati muli phulusa.

Ndine mnzako wokusowa.