Tikamatamanda madona a malonda akale, titchulenso amene ankawanyamulira nyali

Mkonzi,

Ndiloleni ndiyankhulepo pa nkhani yomwe yakhala ikundidya mumtima kuyambira mwezi wa Marichi, pamene ndinakhala nawo pa msonkhano wina wa amayi ochita malonda mumzinda wa Blantyre. Mlendo amene anaitanidwa kudzatilimbikitsa anaonetsa pakhoma zithunzi zojambula pamanja za amayi a ku Senegal a zaka za m'ma 1700: duku lalitali losongoka ngati chulu, mikanda ya golide m'khosi, ndolo zolendewera, nsalu zosanjikizana. Anatiuza kuti amayiwa ankatchedwa ma signare, anali ndi nyumba zamiyala ndi ngalawa zawozawo, ndipo azungu ankachita kuwagwadira pofuna kuchita malonda. Tinaomba m'manja, ena mpaka nthungululu. Inenso ndinaomba nawo. Koma kumbuyo kwa mayi wa pachithunzi chimodzi kunali kamtsikana kopanda nsapato katagwira ambulera, ndipo za iko palibe anatchulapo.

Ndakhala ndikuwerenga za amayi amenewa kuchokera tsiku lija, ndipo ndikufuna owerenga anzanga amve nkhani yonse.

Dzina loti signare linachokera ku mawu a Chipwitikizi akuti senhora, kutanthauza mayi wolemekezeka. Ambiri anali ana obadwa kwa bambo wachizungu ndi mayi wachikuda, amene kuno timawatcha makaladi, ngakhale kuti ena anali akuda bii. Ankakhala makamaka pa zilumba ziwiri: Saint-Louis, pamene mtsinje wa Senegal umathira m'nyanja, pomwe Afalansa anakhazikika mu 1659, ndi Gorée, kachilumba kakang'ono pafupi ndi Dakar, kosakwana kilomita imodzi m'litali, komwe Afalansa analanda kwa Adatchi mu 1677. Azungu ogwira ntchito m'kampani ya malonda ankafika kumeneko opanda akazi, osadziwa Chiwolofu, osadziwa mfumu yoti aipatse mphatso, ndipo ambiri ankafa ndi matenda chaka chisanathe. Kampani inkawaletsanso kuchita malonda awoawo pambali. Mzungu wofuna kukhala moyo ndi kupeza kenakake ankafunika mkazi wa komweko: womusamalira akadwala, womumasulira chilankhulo, wokhala ndi abale kumtunda kwa mtsinje, ndiponso woti katundu wozembetsa alembedwe m'dzina lake.

Apa ndiye pamene ndimawapatsira ulemu amayiwa, chifukwa sanalole kukhala zibwenzi zam'seri. Mwamuna ankayenera kukaonekera kwa makolo, kupereka chiwongo monga mwa mwambo wa komweko, ndi kuchita phwando poyera. Afalansa ankautcha ukwati wa mwambo wa dzikolo. Aliyense ankadziwa kuti ukwatiwo udzatha tsiku limene bamboyo adzakwere sitima kubwerera kwawo. Akapita, nyumba, katundu ndi ana zinkatsala m'manja mwa mayi, ana n'kumatchedwabe dzina la bambo wawo, ndipo mayiyo anali womasuka kukwatiwanso. Ife a chikamwini sitingadabwe nazo kwambiri: mkamwini ndi mlendo, mudzi ndi wa mbumba. Ndikaganiza za anzanga angapo amene achibale a mwamuna anawalanda chilichonse maliro asanathe n'komwe, mpaka mbale ndi mphasa, ndimaona kuti amayi a pa Gorée anali atatchinjiriza chuma chawo bwino kuposa ambiri a ife lero.

Ndipo analemeradi. Mu 1749, mwa nyumba ndi malo 13 omwe sanali a kampani pa Gorée, 9 anali a amayi otere. Ankagula utomoni wa mitengo ya mthethe wochokera m'mphepete mwa chipululu, womwe mafakitale a nsalu ku Ulaya ankaufuna kwambiri, komanso golide, minyanga ya njovu ndi mapira odyetsa anthu a pachilumba. Anne Pépin, amene anakhala ndi bwanamkubwa Chevalier de Boufflers m'zaka za 1786 ndi 1787, anali kale munthu wa chuma chake bamboyo asanafike.

Koma funso limene sitinafunse pa msonkhano uja ndi lakuti: ngalawazo ankapalasa ndani, nyumba zamiyalazo anamanga ndani?

Kaundula wa 1767 amasonyeza kuti Caty Louette, mayi wolemera kwambiri pa Gorée nthawi imeneyo, anali ndi akapolo 68, amuna 25 ndi akazi 43. Chuma chenicheni cha signare chinali anthu. Amuna anali akalipentala, omanga nyumba, osula zitsulo ndi amalinyero. Chaka chilichonse mtsinje ukadzaza, mayi ankabwereketsa amalinyero ake ku kampani pa ulendo wopita kumtunda ku Galam, ulendo wa miyezi ingapo umene ambiri sankabwerako amoyo, ndipo gawo la malipiro awo linkalowa m'thumba mwa mayiyo. Pobwerera, ngalawa zinkatsika ndi golide komanso anthu omangidwa. Akazi ankasinja mapira, kuchapa, kutunga madzi, kulera ana a dona. Pa tsiku la chisangalalo mayi ankaveka adzakazi ake zibangili ndi mikanda yake ya golide kuti aziyenda pambuyo pake, anthu aone kuchuluka kwa chuma. Mtsikana ankanyezimira thupi lonse ndi golide amene sanali wake, ndipo ngakhale thupilo silinali lake.

Mpaka lero ku Saint-Louis, kumapeto kwa Disembala, kumakhala chikondwerero chotchedwa Fanal, pomwe anthu amayenda m'misewu ndi nyali zikuluzikulu zokongoletsedwa. Chiyambi chake ndi usiku wa Khirisimasi, pamene ma signare ankapita ku Misa ya pakati pa usiku atavala zapamwamba, akapolo awo akuwaunikira njira ndi nyali. Alendo amajambula zovalazo. Ine maganizo anga ali pa dzanja lomwe linkagwira nyali.

Ena adzandiyankha kuti akapolo a pakhomo sankagulitsidwa kutsidya la nyanja pokhapokha atapalamula mlandu waukulu. N'zoona, mwambo unali wotero, ndipo ma signare ankaumirira kuti azungu aulemekeze. Koma mwana wobadwa kwa mdzakazi ankabadwa ali katundu wa dona, ndipo dona akamwalira ankagawidwa pamodzi ndi mipando. Nyumba yotchuka ya pa Gorée ija, yomwe ili ndi khomo loyang'ana kunyanja limene amati wotulukirapo sankabwereranso, yomwe Nelson Mandela ndi Papa John Paul II anakaiona, inali ya banja la Pépin lomweli. Akatswiri a mbiri amatsutsana pa chiwerengero cha anthu amene anadutsa m'nyumbamo, koma sakutsutsana zoti eni ake ankagona m'chipinda cha pamwamba, pansi pakukhala akapolo.

Sizinali ku Senegal kokha. Ku Cacheu, m'dziko lomwe lero ndi Guinea-Bissau, Bibiana Vaz anatsogolera amalonda anzake mu 1684 kugwira mkulu wa Apwitikizi akutuluka m'tchalitchi, n'kumutsekera ku Farim kwa miyezi 14 chifukwa chowaletsa kugulitsana ndi sitima za maiko ena. Kulimba mtima kwake n'kosakayikitsa, koma ena mwa malonda amene ankamenyera ufulu wogulitsawo anali anthu. Ku Luanda, Dona Ana Joaquina dos Santos e Silva, amene anamwalira mu 1859, anali ndi sitima zake zopita ku Brazil, ndipo anapitiriza kutumiza anthu ngakhale Portugal italetsa malondawo mu 1836.

Tsono Mkonzi, chimene chandichititsa kutenga cholembera n'chakuti nkhaniyi si ya kutali ayi. Agogo anga aakazi, a ku Chikwawa, akaona mtsikana wakhala pamkeka anzake akusinja, ankamufunsa kuti, "Kodi iwe ndiwe dona?" Tonse timawadziwa mawu amenewa. Wantchito wa pakhomo amati adona atuluka, ndipo mayi akatchena timati lero ndiye ndi dona. Mawuwa ndi a Chipwitikizi, ndipo analowa m'chilankhulo chathu kudzera m'chigwa cha Zambezi, njira yomweyo imene inatibweretsera nsapato, kapitawo, kachasu, ngakhalenso kalata ndikulembayi. Dona wa m'kamwa mwa agogo anga anali munthu amene sagwira munsi chifukwa ali ndi omusinjira.

Kuyambira ku Quelimane, kudutsa Sena mpaka Tete, mfumu ya Portugal inkapereka minda ikuluikulu yotchedwa ma prazo. Malowo ankaperekedwa kwa mibadwo itatu, ndipo lamulo linkafuna kuti azidutsira mwa ana aakazi, omwe ankayenera kukwatiwa ndi amuna ochokera ku Portugal. Cholinga chinali kuchulukitsa azungu m'chigwamo. Sizinatheke. Amuna ochokera ku Ulaya anali ochepa ndipo ankafa msanga, choncho amayiwo ankakwatiwa ndi ochokera ku Goa kapena makaladi anzawo, ena kawiri katatu, malo ndi anthu n'kumaunjikana m'manja mwawo. Anthu okhala pa prazo ankapereka chimene Apwitikizi ankachilemba kuti mussoco. Werengani mokweza mumve: ndi msonkho. Otolera anali Achikunda, akapolo onyamula mfuti a mwini malo.

Mmodzi wa madona amenewa anali Francisca Josefa de Moura Meneses wa ku Tete. Anthu anamupatsa dzina loti Chiponda, ndipo wolankhula Chichewa kapena Chinyungwe safunika womumasulira: woponda chilichonse chili panjira yake. Anali ndi malo kumpoto kwa Zambezi, kumalire ndi dziko la Amaravi, komanso migodi ya golide yomwe okumba ake anali akazi. Mu 1798, pamene Francisco de Lacerda, bwanamkubwa wa Apwitikizi m'chigwa cha Zambezi, ananyamuka ku Tete kupita kwa Mwata Kazembe ku Luapula pofuna njira yodutsira mpaka ku Angola, anadalira kwambiri dona ameneyu kuti apeze onyamula katundu, ndipo ena mwa iwo anali amayi a ku migodi aja. Lacerda anamwalira chaka chomwecho atayandikira kwa Kazembe, dzina lake lili m'mabuku. La Chiponda lilimonso. Amayi amene anasenza mitolo pamutu kudutsa dziko la Undi analembedwa ngati chiwerengero chabe.

Ine ndimachita geni ya nsalu ndi nsomba zouma, ndipo kwa zaka zambiri ndakhala ndikudutsa pa Mwanza ndi Zóbuè kupita ku Tete. Ndimadziwa kutentha kwa kumeneko, kumene madzi a m'botolo amafunda ngati a tiyi ola lisanathe. Kuyambira pamene ndinawerenga za amayi aja, basi ikamatsetsereka kulowera ku Moatize ndimayang'ana tchire louma lija n'kumaganiza za munthu woyenda pansi ndi katundu pamutu, mwina ndi mwana kumbuyo, pa ulendo umene sanaufunse. Zimandilowa kwambiri chifukwa akanatha kukhala wa mtundu wanga. Mu Julaye 1861, pamudzi wa Mbame, kufupi ndi Blantyre wa lero, David Livingstone ndi anzake anamasula anthu 84 omangidwa m'magoli ndi zingwe, ambiri amayi ndi ana, akupita nawo ku Tete. Chuma cha m'chigwa cha Zambezi chinali chitafika potafuna anthu a m'mapiri a Shire.

Pali abambo ena amene ndakambirana nawo nkhaniyi, iwo n'kungoti amenewo anali akazi oyendayenda ogona ndi azungu chifukwa cha ndalama. Awanso ndikutsutsana nawo kwambiri. Mkazi woyendayenda satsekera mkulu wa boma miyezi 14, sabwereketsa onyamula katundu kwa bwanamkubwa, sasiyira zidzukulu nyumba yomwe ikuimabe patatha zaka zoposa 200. Anali anthu a nzeru zakuya pa malonda, odziwa zilankhulo, odziwa kuwerengera phindu, okhala pakati pa mafumu a kumtunda ndi azungu a kunyanja, mbali zonse zikuwafuna. Amuna a nthawi imeneyo, akuda ndi oyera omwe, ankagula ndi kugulitsa anthu chimodzimodzi, ndipo ambiri moposa. Sindikufuna kuti amayiwa aweruzidwe mwankhanza kuposa amunawo. Ndikungokana kuti tiwachape mpaka ayere kuti tipeze chithunzi chokoma choonetsa pa msonkhano.

Mmene mphamvu za ma signare zinathera zikusonyezanso pamene zinatsamira. Mu 1830 malamulo a ku France okhudza maukwati ndi chuma chamasiye anayamba kugwira ntchito ku Senegal, ndipo ukwati wa mwambo uja unayamba kuonedwa ngati wosavomerezeka. Mu 1848 France inathetsa ukapolo m'maiko ake onse, ndipo chipukuta misozi chinaperekedwa kwa eni akapolo, osati kwa akapolowo. Malonda anasamukira ku mtedza, makampani a mumzinda wa Bordeaux ku France anatenga msika, ndipo ma signare anatsala ndi nyumba, zovala ndi maina.

Pempho langa kwa inu Mkonzi ndi lakuti mutsegule tsamba lino kwa owerenga a ku Nsanje, Chikwawa, Mwanza, Tete ndi Luangwa, makamaka amene ali ndi magazi a Chikunda ndi Chimang'anja. Alipo akuluakulu amene anamva kwa agogo awo dzina la dona amene ankalamulira dera lawo, nyimbo zimene ankaimba posinja, kapena dzina la mayi amene anatengedwa kumunda osabwereranso. Atilembere, kapena adzukulu awo awalembere. Ndipo kwa mayi amene anatiyankhula pa msonkhano uja, ngati akuwerenga: chithunzi chija mukadzachionetsanso, chikulitseni pang'ono chakumanzere, pamene paima kamtsikana ka ambulera.

Ine wowerenga wanu,
Mayi wa geni,
Limbe.