Chichewa cha Chiwetel Ejiofor tisamachiseke

A Mkonzi,

Ndikulemba ndili kuno ku Joni, ku Rosettenville. Lamulungu lapitali tinasonkhana kwa mnzanga titaphika nsima ndi usipa omwe unabwera pa basi kuchokera kumudzi, ndiye tinati tiyeni tioneleso filimu ya William Kamkwamba ija pa Netflix, The Boy Who Harnessed the Wind ya 2019. Chiwetel Ejiofor atangotsegula pakamwa anyamata ena anayamba kugwa nazo mseko ati Chichewa chanji chimenechi, ine zinandiwawa kwambiri mpaka nsima sinapitenso.

Inde lilime lake limalemera, mawu ena amawakoka mwachilendo, sindikukana. Koma tamuonani kaye munthuyo. Anabadwira ku London mu 1977 makolo ake ndi aku Nigeria, bambo ake anamwalira pangozi ya galimoto iye ali ndi zaka 11 ali mgalimoto momwemo, chipsera chili pamphumi chija chinachokera pamenepo. Zisudzo anayambira kusukulu nkudzapitiriza pa siteji ku National Youth Theatre, kenako Steven Spielberg anamutenga mu Amistad ya 1997 asanamalize nkomwe sukulu ya zisudzo. Mu 2009 anasewera ngati Thabo Mbeki mu Endgame, anzathu akuno ena amamudziwira pamenepo, ndipo 12 Years a Slave ya 2013 inamupatsa mphoto ya mafilimu ya ku Britain ya BAFTA. Munthu wofika apa amasowa chani ku Malawi? Akanatha kupanga filimu yonse mchizungu nkujambulira konkuno ku South Africa komwe zipangizo zili mbwee, palibe akanamufunsa. Koma iye analemba yekha, kuwongolera yekha, kupita mpaka ku Wimbe ku Kasungu pafumbi penipeni, nkukhala pansi kuphunzira chiyankhulo chathu kuti asewere bwino ngati Trywell bambo ake a William.

Ife amene tikusekafe, tikakwera taxi yopita ku Bree foni ikaitana kuchokera kumudzi timanong'ona kapena kuidula kumene kuopa kuti atitchula makwerekwere. Ineyo ndimatero, ndipo zimandipweteka.

Mwana wanga wamkazi anabadwira kuno, ndikamuyankhula Chichewa amandiyankha mchizulu kapena mchizungu. Tsiku limenelo anasiya foni yake nkusendera pafupi ndi TV, pomwe Gule Wamkulu anatulukira pamaliro paja anandigwira mkono nkufunsa kuti adadi kwa agogo kulinso zimenezi? Usiku onse anali mafunso okhaokha, za njala, za chimanga, za chifukwa chomwe William anamuthamangitsira kusukulu kaamba ka fizi.

Chonde a Mkonzi tilembereni nkhani yaitali ya Chiwetel, ndipo musaiwale Lily Banda yemwe anasewera ngati Annie mchemwali wake wa William, mumufunse mmene ankagwirira naye ntchito ku Kasungu kuja. Kuno tidzawerenga pa intaneti.

Wowerenga wanu,
Rosettenville, Johannesburg