Mawu akuti "gulu la asilikali" akutibisira zambiri: za ma Korps a ku Germany

Akonzi,

Tiloleni tidandauleko pang'ono za mmene timalembera nkhani za nkhondo m'Chichewa. Akhale anthu 200, akhale 40,000, onse timangowatcha "gulu la asilikali", ndipo wowerenga sangadziwe ngati chagonja ndi kachigawo kakang'ono kapena mphamvu ya chigawo chonse cha dziko. Pempho lathu ndi lakuti nyuzipepala izitchula mtundu wa gululo, chaka chake ndi zimene linali nazo. Kuti muone chifukwa chake, titenge liwu limodzi la Ajeremani, lakuti Korps, kutanthauza gulu lalikulu la asilikali lokhala ndi likulu lakelake. Dzinali lakhala lomwelo zaka zoposa 200, koma chimene likutanthauza chasintha kangapo.

Korps inabadwa chifukwa cha kuchepa kwa msewu. Asilikali ochuluka akamayenda njira imodzi, akutsogolo amayamba kumenyana akumbuyo asananyamuke n'komwe. Napoleon anathetsa vutoli pogawa ankhondo ake m'magulu oima paokha, lililonse lokhala ndi oyenda pansi, okwera mahatchi ndi mizinga, loti likhoza kugwira mdani tsiku lathunthu mpaka anzake atafika. Dziko la Prussia, ufumu wa Ajeremani, linaphunzira izi mowawa pa 14 October 1806, pamene ku Auerstedt gulu limodzi lotere la Afalansa, lotsogozedwa ndi Davout, linagonjetsa khamu lalikulu la mfumu ya Prussia. Pofika 1815 anali atatengera nzeruyo. Blücher, mkulu wa asilikali a Prussia, anali ndi ma Korps anayi, ndipo pa tsiku la Waterloo ya Thielmann inatsala ku Wavre kutchinga Afalansa a Grouchy, pamene zinazo, motsogozedwa ndi ya Bülow, zinapita kukathandiza Wellington wa ku Britain kumenyana ndi Napoleon. Moltke wamkulu, mtsogoleri wa alangizi a nkhondo a Prussia, anadzaipanga mfundo yokhazikika: yendani mosiyana njira, menyani pamodzi. Ndi mmene anapambanira ku Königgrätz pa 3 July 1866.

Chimene Prussia inawonjezera ndi kumangirira Korps ku dera. Iliyonse inali ndi likulu lake lokhazikika, lotchedwa Generalkommando, ndipo inkalemba anyamata a m'chigawo chakecho. Yoyamba inali ku Königsberg, yachiwiri ku Stettin, yachitatu ku Berlin, yachisanu ndi chiwiri ku Münster, yachisanu ndi chitatu ku Koblenz. Gardekorps yokha, ya alonda a mfumu, ndiyo inkatenga anthu m'zigawo zonse za Prussia. Dziko likamakula, manambala ankakulanso: nkhondo ya 1866 itatha kunabwera za ku Hannover ndi Kassel, ya 1871 itatha kunabwera ya ku Strasbourg, ndipo ziwiri zomaliza, za ku Allenstein ndi Saarbrücken, zinakhazikitsidwa mu 1912. Pofika 1914 zinalipo 25: ya alonda, 21 za manambala, ndi zitatu za ku Bavaria, zimene zinali ndi manambala akeake chifukwa ufumu wa Bavaria unakana kumezedwa kotheratu. Ubwino wa dongosololi unali changu. Mwamuna amene anamaliza zaka zake za usilikali ankadziwa kampu yoti akafikeko, yunifolomu ndi mfuti zinkamudikira komweko, ndipo sitima yomunyamula inali italembedwa kale pa ndandanda. Kuipa kwake kunadzaoneka nkhondo itakula: rejimenti imodzi ikaphedwa kwambiri m'tsiku limodzi, maliro onse ankagwera matauni ndi midzi yoyandikana.

Mkati mwa Korps ya 1914 munali madivisheni awiri. Divisheni iliyonse inali ndi mabuligedi awiri a oyenda pansi, buligedi inali ndi marejimenti awiri, rejimenti mabatalioni atatu, ndipo batalioni inali ndi anthu pafupifupi 1,000 ogawidwa m'makampani anayi. Mukawerengetsa mupeza mabatalioni 24. Rejimenti iliyonse inali ndi mfuti zachiwaya zisanu ndi imodzi zokha, kutanthauza 48 m'marejimenti onse asanu ndi atatu. Mizinga yopepuka inalipo 144, ndipo pamwamba pake likulu linkasunga mizinga yolemera 16 ya masentimita 15, imene Afalansa analibe yofanana nayo pa mlingo umenewu. Panalinso ndege zisanu ndi imodzi zokazonda, omanga milatho, a matelefoni, zipatala zoyenda nazo, ophika buledi ndi ngolo za zipolopolo. Onse pamodzi ankapitirira 40,000, ndi mahatchi pafupifupi 14,000. Kuti anthu ndi zida zimenezi zifike kumalire pankafunika sitima 140. Zikatsika m'sitima n'kulowa msewu umodzi, mzere wa omenya nkhondo wokha unkatalika pafupifupi makilomita 30, umene uli ulendo wa tsiku lathunthu kwa munthu wosenza katundu. Apa m'pamene panali malire a kukula kwa Korps: kuwonjezera divisheni yachitatu pa msewu womwewo kukanachititsa kuti akumbuyo afike nkhondo itatha.

Mkulu wa Korps anali munthu wamphamvu zodabwitsa. Pa nthawi ya mtendere sankalamulidwa ndi nduna ya zankhondo, ankayankha kwa Kaiser mwini, mfumu yaikulu ya Germany. Pambali pake pankakhala mkulu wa alangizi wochokera ku likulu la alangizi a nkhondo ku Berlin, amene ankasenza naye limodzi udindo wa chilichonse chogamulidwa. Ufulu woterewu umabala anthu odzidalira, komanso amwano. Hermann von François wa Korps yoyamba anamenyana ndi Arasha ku Stallupönen pa 17 August 1914 ngakhale anauzidwa kuti abwerere. Patangopita masiku ochepa, ku Tannenberg, anachedwetsa dala kuukira mpaka mizinga yake itatsika m'sitima, ndipo ulendo uno kusamvera kwake kunathandiza kuzinga Arasha. Amene amamuyamikira amaiwala kuti khalidwe lomwelo likanatha kutayitsa East Prussia yonse.

Pali mbali ina imene anthu ambiri saidziwa, chonsecho ndiyo inakhudza anthu wamba. Korps ikapita kunkhondo, kumudzi kunkatsala likulu logwirizira, ntchito yake kuphunzitsa ndi kutumiza olowa m'malo mwa ophedwa ndi ovulala. Koma lamulo la Prussia la 1851 linkapereka ulamuliro wa dera kwa akuluakulu ogwirizirawa nthawi ya nkhondo. Ankaletsa nyuzipepala, kutseka misonkhano ndi kulamula za chakudya, aliyense monga waonera, ndipo malire a madera awo sankagwirizana ndi malire a maboma a anthu wamba. Ena ankaletsa chakudya kutuluka m'dera lawo pamene mizinda ina ili pa njala. Dongosolo lomwe linasonkhanitsa asilikali mwachangu linalephera kudyetsa dziko.

Dzina linayamba kunyenga mu 1914 momwemo. Ajeremani anaika ma Korps a asilikali osungidwa pamzere woyamba, chinthu chimene Afalansa sanachiyembekezere. Pa mapu inkaoneka ngati Korps ina iliyonse, koma nthawi zambiri inali ndi theka la mizinga, yopanda mizinga yolemera, yopanda ndege. Imodzi yotere, ya Gronau, ndiyo inasiyidwa yokha kutchinga mbali ya ku Paris, ndipo pa 5 September inakumana ndi khamu latsopano la Afalansa pafupi ndi mtsinje wa Ourcq. Kluck, mkulu wa khamu limene Korpsyo inalimo, anachotsa ma Korps ake kumwera kuti akaithandize, pakati pa iye ndi khamu loyandikana nalo la Bülow wina (osati wa ku Waterloo uja) panatseguka mpata wa makilomita pafupifupi 50, Angerezi n'kulowamo, ndipo pa 9 September Ajeremani anayamba kubwerera. Ma Korps awiri amene akanatseka mpatawo anali atatumizidwa kum'mawa kumapeto kwa August, ndipo anafika nkhondo ya Tannenberg itatha kale.

Nkhondo itakhazikika m'maenje, Korps yakale inatha ngakhale dzina linatsala. Kuyambira 1915 madivisheni anachepetsedwa kukhala a marejimenti atatu, ndipo ku Verdun ndi ku Somme mu 1916 divisheni inkatha mphamvu m'masabata ochepa n'kuchotsedwa. Likulu la Korps linkatsala pamalopo chifukwa ndilo linkadziwa nthaka, mizinga ndi njira za katundu, madivisheni akulowa ndi kutuluka pansi pake. Ankalitcha ndi dzina la malo, monga Gruppe Wytschaete ku Flanders. Panapangidwanso malikulu ena, a manambala oyambira 51, opanda dera la kwawo ndiponso opanda divisheni yawoyawo. Kuyambira pamenepo, ukamva kuti Korps, funsa kuti ili ndi madivisheni angati lero.

Kwathu kuno, pa Nkhondo ya Chiwaya, Korps sinafikeko. Amene anaukira Karonga pa 9 September 1914 anali mazana ochepa a asilikali a Schutztruppe, gulu la atsamunda limene ku German East Africa linayamba nkhondo ndi makampani 14 okha, ambiri mwa omenyawo ali Aafirika. Mkulu wawo, Lettow-Vorbeck, anawoloka mtsinje wa Rovuma kulowa Mozambique mu November 1917 ndipo anakatula zida ku Abercorn, kumene lero ndi Mbala, pa 25 November 1918, akumenyabe ndi makampani. Mavuto amene makolo athu amtengatenga anaona sanachepe chifukwa cha zimenezo, koma kukula kwa magulu kunali kwina ndithu.

Pangano la Versailles la 1919 linadziwa pamene pali mtima wa nkhaniyi. Linalola Germany kukhala ndi asilikali 100,000 okha, madivisheni asanu ndi awiri a oyenda pansi ndi atatu a mahatchi, ndipo linanena kuti malikulu a Korps asapitirire awiri. Anaikidwa ku Berlin ndi ku Kassel. Koma dziko linagawidwabe m'madera asanu ndi awiri a usilikali, otchedwa Wehrkreis, ndipo pamene Hitler analengeza pa 16 March 1935 za ma Korps 12 ndi madivisheni 36, maderawo ndiwo anasanduka malikulu atsopano. Chachilendo chinali ma Korps a magalimoto, a manambala 14, 15, 16 ndipo kenako 19, amene sanapatsidwe dera lililonse. Pa Nkhondo Yachiwiri ya Dziko Lonse, ya Guderian, ya nambala 19, inawoloka mtsinje wa Meuse ku Sedan, ku France, pa 13 May 1940 ndi madivisheni atatu a akasinja, n'kufika kunyanja pafupi ndi Abbeville pa 20 May. Vuto la msewu silinathe ayi. Magalimoto oposa 41,000 a gulu lalikulu la Kleist, limene Korps ya Guderian inali pansi pake, anapanikizana pa njira zinayi za m'nkhalango ya Ardennes, ndipo Korps ya Reinhardt, imene inaikidwa kumbuyo kwa Guderian, inatsekeredwa mu mzere wotalika makilomita oposa 200. Ndege za adani zikanaugwira bwino mzerewo, nkhani ikanakhala ina.

Pa nkhondo yachiwiriyi Korps inali likulu chabe, lokhala ndi alangizi, batalioni ya mauthenga, mkulu wa mizinga ndi a zonyamula katundu. Mlangizi wotchedwa Ia ankakonza kamenyedwe, Ic ankasonkhanitsa za mdani. M'manja mwa a Ic omwewa ndimo munkadutsa malipoti a kuphedwa kwa akaidi motsatira lamulo la 6 June 1941 lopha makomisala (akuluakulu a zandale m'magulu a asilikali) a Soviet Union, choncho malikuluwa sangadzichotse pa milandu ya nkhondoyo. Madivisheni ankabwera ndi kuchoka. Afrika Korps yotchukayo inayamba ndi awiri okha, ndipo Rommel, amene anafika ku Tripoli mu February 1941, anaitsogolera yekha mpaka August chaka chomwecho, kenako anakwezedwa kukhala pamwamba pake. Kulemba ngati asilikali onse a Germany ndi Italy a ku North Africa anali Afrika Korps n'kulakwa.

Chitsanzo chowawa cha kukhulupirira dzina chinachitika pafupi ndi Stalingrad. Kumbuyo kwa asilikali a Romania, ogwirizana ndi Germany, kunaikidwa Panzerkorps (Korps ya akasinja) ya nambala 48, imene pa mapu a Hitler inkaoneka ngati chishango cholimba. Zoona zake, divisheni yake ya Chijeremani inakhala masabata osayenda chifukwa chosowa mafuta, akasinja atafunditsidwa udzu, ndipo mbewa zinadya nthambo zamagetsi. Ochepera theka ndiwo anadzuka pamene Soviet Union inaukira pa 19 November 1942. Divisheni inayo inali ya Romania, ya akasinja opepuka akalekale. Korps inalephera, mkulu wake Heim anachotsedwa n'kuponyedwa m'ndende, ndipo ma Korps asanu anazingidwa mumzindawo. Yomaliza kugonja, ya Strecker, inatero pa 2 February 1943.

West Germany itakhazikitsa Bundeswehr, asilikali ake atsopano, mu 1955, inapanga ma Korps atatu, ku Münster, Ulm ndi Koblenz, koma pa nkhondo akanalamulidwa ndi akuluakulu a NATO, atayalidwa m'malire mosinthana ndi a Britain, America, Belgium ndi Netherlands. Divisheni ya ku Schleswig-Holstein inali pansi pa likulu logawana ndi Denmark ku Rendsburg. Germany itagwirizananso mu 1990, asilikali anachepa ndipo malikulu a dziko limodzi anatha pang'onopang'ono. Otsala ndi ogawana. Ku Münster kuli Korps ya Germany ndi Netherlands kuyambira 1995, ku Strasbourg kuli Eurocorps, ndipo mu 1999 Germany, Denmark ndi Poland anatsegula likulu lina ku Szczecin. Awa ndi malikulu a anthu mazana angapo, amene amapatsidwa madivisheni ndi mabuligedi ntchito ikapezeka. Szczecin ndi Stettin yemwe uja, kumene kunkakhala Korps yachiwiri ya Prussia, koma lero mzindawo uli ku Poland.

Ife owerenga anu okonda mbiri ya nkhondo,
Zomba