Bangwe wobweza masiku

Mnzanga wapamtima,

Ndikhulupirira uli bwino ku Gqeberha, ku South Africa kumeneko, pamodzi ndi alamu ndi ana. Kuno tili bwino, mvula yayamba ndipo anthu ali kalikiliki kubzala.

Unandifunsa za nthano ija ndikulemba. Yafika pakati, ndipo chikundisowetsa tulo ndi choyimbira chomwe nkhani yonse yatsamirapo. Ndinkafuna chinthu choti munthu akachiyimba, nthawi izimumvera. Maganizo anayamba apita ku ng'oma chifukwa cha Mbiriwiri, ng'oma yopatulika ya ku Msinja kwa Makewana, mayi woyang'anira kachisi wa mvula wa Achewa, yomwe Tsang'oma ankaomba poitana anthu kukapempha mvula. Koma ng'oma ndi ya gulu, ndipo imeneyo ili ndi eni ake, si yoseweretsa m'nthano. Ine ndimafuna choyimbira cha munthu mmodzi, wokhala pakhonde ndi chisoni chake. Ndiye ndasankha bangwe.

Ukukumbukira kapangidwe kake? Thabwa lopyapyala lobooledwa kumutu ndi kumiyendo, kenako waya mmodzi wamtali amalowa bowo ili, kutulukira linalo, kubwereranso, mpaka nsambo zikwane 7 kapena kuposerapo. Timitengo tiwiri timalowa kunsi kukweza nsambozo, ndipo mbali imodzi ya thabwalo amailowetsa m'chipanda kapena m'chitini kuti mawu akule. Woyimba amatseka ndi zala za dzanja limodzi nsambo zomwe sakufuna kuti zilire, chala cha dzanja linalo n'kumakwapula zonse pamodzi. Chandigwira mtima ndi waya mmodziyo. Ukakoka nsambo imodzi, zinzake zimamva.

Bangwe wa m'nthano yanga ali ndi nsambo 5 zokha: dzana, dzulo, lero, mawa ndi mkuja. Ukatseka zinayi n'kusiya ya dzulo kuti ilire, mudzi wonse umabwerera dzulo. Mbuzi yomwe fisi anagwira imapezeka ili m'khola ikubzikula, mtsuko wosweka uja uli pankhata wathunthu. Koma izi zimafika pomwe mawu a bangweyo akulekezera basi. Kutsidya kwa mtsinje, komwe sakumva, tsiku lawo likungopitirira. Choncho m'dzikolo midzi siyenderanso limodzi. Kwina akukolola, kwina chimanga chikungomasula kumene, ndipo mkamwini wochokera kutsidya amayamba wafunsa kuti kuno n'liti asanapereke moni kwa apongozi.

Zili ndi mtengo wake. Poti waya ndi mmodzi, kukoka dzulo kumakhwefula mawa, ndipo tsiku lililonse lomwe mudzi wabweza limafupikitsa masiku a kutsogolo. Dzuwa limatuluka bwinobwino, amayi akamati abwerere kuchitsime kachiwiri, kwada kale. Mudzi wina, womwe mfumu yake inkabwezetsa tsiku pa kanthu kalikonse kosaisangalatsa, unafika poti dzuwa limalowa nsima ya masana isanapse, mbewu n'kuleka kukhwima. Pamenepa sindisuntha. Choyimbira chotere chikakhala chaulere nkhani yafa, chifukwa palibe chomwe munthu angaope kutaya, ndipo wowerenga sangamugundire mtima munthu wotero.

Tsono imva pomwe ndaima. Woyimba ndi mtsikana amene anaphunzira kwa agogo ake osaona. Mlongo wake wamng'ono wakokoloka ndi madzi, koma uthenga wamupeza patapita masiku atatu, pomwe nsambo ya dzana imalekezera awiri. Njira akuidziwa: kuliza dzana, akafika kumeneko n'kulizanso. Agogo anamuletsa zimenezo asanamwalire, chifukwa waya akakokedwa kawiri amaduka, ndipo akaduka malo amodzi nsambo zonse zimagwa, mudzi n'kutsala wopanda dzulo, wopanda mawa. Ndalemba mpaka pomwe wakhala pamphasa, bangwe ali pamiyendo, chala chili m'mwamba, mayi ake akumuyang'ana osalankhula kanthu.

Mtima wanga ukuti alize nsambo ya lero, yomwe anthu amaiona ngati yopanda ntchito chifukwa imangotalikitsa tsiku lomwe ulimo. Dzuwa liime, abale a kutali afike, mwanayo apezeke, amulire mokwanira n'kumuika mwaulemu. Koma ndikaganiza za mayi uja ndimanjenjemera. Amene anaikapo mwana m'manda akawerenga, kodi avomera kuti mtsikanayo anali ndi njira m'manja n'kuisiya? Iwe umadziwa nthano kuposa ine, undiuze mosabisa.

Ndili ndi pempho. Ku Makhanda, pa Rhodes University, kuli malo osungirako nyimbo za mu Africa otchedwa International Library of African Music, yomwe Hugh Tracey anayambitsa mu 1954. Iyeyu anayendayenda kuno m'zaka za m'ma 1950, dziko likadatchedwa Nyasaland, n'kujambula mawu a oyimba bangwe ndi zoyimbira zina. Kuchokera komwe uliko si kutali, pagalimoto maola awiri sakwana. Ukapeza mpata ukafikeko, ukamvere za bangwe. Ukatchere khutu kuti woyimba amalowetsa pati mawu ake, amapumira pati, ndipo akudandaula za chiyani. Ndikufuna mtsikana wangayu aziyimba ngati anthu amenewo, osati ngati munthu amene bangwe anangomuona pachithunzi.

Mitu itatu yoyamba ndikutumizira pa WhatsApp kumapeto kwa sabata ino. Upereke moni kwa alamu, ndipo anawo uwauze kuti ndawasowa kwambiri.

Ndine mnzako wa kumudzi.