Ana a mlongo wanga akundidanitsa ndi madam

Agogo, ndithandizeni nzeru chifukwa mutu wanga wayima ndithu. Ndine bambo wa zaka 39, ndimakhala ku Area 25 ku Lilongwe ndipo ndine dalaivala pa kampani ina yake. Kwathu ndi ku Dedza, madam kwawo ndi ku Rumphi, tili ndi ana atatu.

Nkhani ndi ya mlongo wanga. Mwamuna wake anali mkamwini pamudzi pathu, analowera ku Joni, poyamba ankatumizako tindalama kenako zii, tikungomva zoti anakwatira konko. Anasiya ana anayi. Nde mukudziwa mwambo wathu wa Achewa, ana ndi akuchikazi ndipo ineyo ngati malume wawo ndine mwini mbumba, mwana akadwala foni imalira kwa ine, yunifomu ndi ine, feteleza ndi ine, olo denga likasasuka ndi mphepo amaflasha ine ndemwe. Sindingakane Agogo, chifukwa inenso sekondale anandiphunzitsa ndi atsibweni anga, ankapalasa njinga ndi matumba a kachewere kukagulitsa kumsewu kuti ndipeze fizi, bambo anga ali moyo ndithu.

Madam izi sakuzimvetsa ata pang'ono. Kwawo mwamuna akalowola ana ndi ake, nde akuti ana amenewa akawaone ndi abale a bambo awo. Ndipo pali mfundo ina yomwe amandiuza yomwe imandilasa mtima, akuti ana athuwa alibe malume owadalira poti ine ndinapereka malowolo, mtengo wawo ndi ine ndekha basi, nde ndikamagawa kochepa komweka kumudzi anawa adzalira kwa ndani? Zoona zake akunena zomveka. Mwambo wa kwathu ukundipatsa ana a mlongo, wa kwawo ukundipatsa anga, salale ndi imodzi yomweyo, ndipo chigwetsereni kwacha ndi 44 peresenti mu Novembala 2023 ndalama sikukwana olo kufika pa 15. Renti, magetsi, makala, thiransipoti ya ana. Bizinesi ya madam ya kaunjika ndiyo imatitchinjiriza, nde akamadandaula sikuti ndi nkhanza ayi, thukuta lawo lilimo.

Zafika poipa chifukwa mayi anga atumiza mtsikana wachiwiri wa mlongo wangayo kuti azikhala nafe aziphunzira kuno, anangomukweza minibasi ndi kachikwama kake osafunsa. Mwanayu ndi wofatsa, amadzuka mmamawa kusesa ndi kutsuka mbale, koma patebulo madam samuyankhulitsa, mwana amatenga mtanda umodzi nkumadya chowerama, kenako ndimamupeza akulira kuseri kwa bafa. Zimandiwawa zedi. Ndikayankhula madam akuti ndasankha abale, mayi nawo pafoni akuti ndinadya mankhwala ndayiwala amene anandilera.

Tinaitanapo ankhoswe koma aliyense anangoyima pa mwambo wa kwawo, tinabalalika popanda chomanga. Mkazi wanga ndimamukonda ndipo sindikufuna banja lithe, komanso kumubweza mwanayu kumudzi ndikuopa akangokwatiwa msanga sukulu nkuthera pompo.

Kodi ndingawauze bwanji mayi anga mwaulemu kuti pali malire pa zomwe ndingakwanitse? Nanga madam ndikhale nawo pansi motani kuti tigwirizane kandalama kapamwezi kopita kumudzi koma mwanayu amalize kaye Folomu 4? Kapena ndimufunire malo a boding'i?

Bambo wothedwa nzeru,
Lilongwe