Hoga si kabwato ka asodzi, a Mkonzi

A Mkonzi,

Pa tsamba lanu la mbiri yakale la pa 7 December lija munaika chithunzi cha sitima yankhondo ya USS Nevada ikufuka utsi ku Pearl Harbor, doko la ku Hawaii lomwe ndege za Japan zinaphulitsa pa 7 December 1941, pansi pake nkulemba kuti "kabwato ka asodzi kali pambali pake". Kabwato ka asodzi! Asodzi ake ati oti nkukaponya chilimira ndege za Japan zikugwetsa mabomba pamutu? Kapena mtolankhani wanuyo anaonapo usipa pachithunzipo? Ine mpaka ndinavula magalasi nkuwapukuta ndi malaya poganiza kuti mwina vuto ndi maso anga, koma ayi ndithu, zinalembedwa choncho.

Imene ija ndi Hoga, nambala yake YT-146, tug ya asilikali apamadzi a America, sitima yomwe ntchito yake ndi kukoka komanso kukankha sitima zikuluzikulu padoko. Inakhomedwa ku New York mu 1940, inayamba ntchito mu 1941, kutalika kwake ndi mamita 30 basi. Mmawa umene uja Hoga ndi imene inathandiza kukoka sitima ya Vestal kuichotsa pafupi ndi sitima ya Arizona yomwe inali lawilawi moto, inakathandizanso sitima ya Oglala, kenako Nevada itaphulitsidwa ikuyesa kutuluka padoko, Hoga ndi tug inzake anaikankhira pamalo osaya kuti isamire pakati pa njira. Ikanamira pamenepo ndiye kuti khomo la doko lonse latsekeka, sitima zonse zili mkati ngati mbuzi m'khola. Itatero Hoga inakhala masiku atatu ikuthira madzi pa moto. Admiral Chester Nimitz mwini wakeyo, mkulu wa asilikali apamadzi a America ku Pacific, anayamikira mkulu wa tug-yo Joseph McManus ndi anyamata ake mu 1942. Tsono ngati Nimitz anaivulira chipewa, inu a nyuzi ndinu ndani kuti muitche ya asodzi?

Ndipo musaganize kuti inathera pomwepo. Mu 1948 anaibwereketsa ku mzinda wa Oakland ku California komwe inakhala yozimitsa moto padoko mpaka 1994, zaka zoposa 40 zimenezo. Mu 1989 boma la America linaiika pa mndandanda wa zinthu za mbiri ya dziko zoyenera kusungidwa. Inakhalitsa pa Suisun Bay ku California konko ndi sitima zina zopuma ntchito ikuchita dzimbiri, koma mu 2015 inafika ku North Little Rock, ku Arkansas, ili ku miziyamu pamtsinje pafupi ndi sabumarini ya Razorback, anthu amakaiona mpaka lero. Zonsezi zili pa intaneti, bando ya tsiku limodzi ikanakwana.

Chikundiwawa nchakuti ine ndagwirapo ntchito zaka zambiri m'chipinda cha injini pa sitima za panyanja yathu ino. Kumatentha kumeneko, ovolo imanyowa ngati wagwera m'madzi, fungo la dizilo silichoka m'manja ngakhale usambe ndi sopo kangati, ukamatuluka makutu akulira. Sitima ikafika bwino anthu amagwira chanza kaputeni, wa ku injini palibe amamufunsa ndi dzina lomwe. Ndiye nyuzi zanu nazonso khalidwe lake ndi lomweli, sitima yaikulu mwaitchula dzina ndi mizinga yake yomwe, yomwe inaipulumutsa mwaisandutsa bwato la kambuzi. Masiku ano anyamata anu amangokopera za pa Facebook, osafunsa, osafufuza, kufulumira kukalandira alawansi ku wekishopu basi. Mukalakwitsa za ku Hawaii chonchi nanga za kuno tizikukhulupirirani bwanji? Sitima ya Chauncy Maples ili pompano pa Monkey Bay, inalowa m'madzi mu 1901, ndikubetcha mtolankhani yemweyo atapatsidwa chithunzi chake alemba kuti ndi Ilala. Mwana wa sukulu akadula tsambalo nkukamata m'kope ndiye kuti bodza lija lalowa m'kalasi.

Konzani sabata ino, pa tsamba lomwelo, zilembo zazikulu osati tija mumabisa pansi pa malonda a feteleza. Ndipo zithunzi za sitima muzionetsako kaye munthu amene anakwerapo, tilipo ambiri opuma ntchito kuno, sitilipiritsa.

Ine wanu wowerenga wokwiya,
Monkey Bay